Vincristine: dzina tilidziwe, masamba tisaphike

Mukakumana ndi mayi amene watsika basi pa Mpanshya kucokera ku Lusaka, mwana ali kumbuyo tsitsi litathothoka, m'funseni kuti, "Amayi, nanga kucipatala mwanayu akum'patsa mankhwala anji?" Yankho limakhala limodzimodzi: "Ni a khansa, a m'dilipi." Mukafunsa dzina la mankhwalawo amangopukusa mutu. Koma mayi yemweyo mukam'funsa za kumunda adzakuuzani bwinobwino kusiyana kwa D Compound ndi urea, mbewu imene imaca msanga, ndi mankhwala amene amathira m'cimanga kuti anankafumbwe asalowe. Agogo ena amene tinakwera nawo galimoto imodzi anatiuza kuti mdzukulu wawo akulandira "Kristina" mlungu uliwonse. Tinaseka, koma agogowo anali pafupi ndi coonadi kuposa ambiri a ife. Dzina limene anamva kwa anamwino ndi vincristine.

Ife tikuti dzinali si la madokotala okha. Mwana akadwala khansa ya m'magazi, ya impso, ya diso kapena cotupa cokula msanga ca m'cibwano, nthawi zambiri vincristine imakhala m'gulu la mankhwala amene amalandira. Akulu ena odwala khansa ya pakhungu yochedwa Kaposi nawonso analandirapo mankhwalawa. Conco dzinali linalowa kale m'nyumba za kwa Mpanshya, kwa Bunda Bunda ndi kwa Shikabeta, ngakhale eni nyumbazo salidziwa. Ndipo tikuona kuti kusalidziwa kuli ndi ngozi yake, kulidziwa theka kulinso ndi ngozi ina yoposa.

Tiyambe ndi mbali yoyamba ya dzinali, vin. Mawuwa akucokera ku vinca, duwa limene aliyense wa ife analiona. Ndi kaduwa kaja ka pinki kapena koyera, ka timasamba tisanu ta duwa, kokhala ndi masamba obiriwira onyezimira, kamene kamamera pakhomo, kusukulu, m'mbali mwa chalichi ngakhale kumanda. Sikafuna madzi ambiri, m'cilimwe zina zikauma iko kamangocita maluwa. Kwawo kwenikweni ndi pacisumbu ca Madagascar, koma anthu anakafalitsa m'maiko onse ofunda. Mu 1759 katswiri wa zomera wa ku Sweden, Carl Linnaeus, anakapatsa dzina lakuti Vinca rosea. Pambuyo pake akatswiri anakasamutsira m'gulu lina ndi kukacha Catharanthus roseus (Catharanthus ndi mawu a Cigiriki otanthauza duwa loyera lopanda litsiro), koma opanga mankhwala anakhalabe ndi dzina lakale lija. Mbali yaciwiri, cristine, inatengedwa ku dzina limene mankhwalawa anali nalo poyamba, leurocristine. Sikugwirizana ndi dzina la Khristu kapena la mayi wina wochedwa Kristina, ngakhale khutu lathu limamva conco.

Maina otere sapatsidwa mwacisawawa. Kuyambira mu 1953 bungwe la zaumoyo la dziko lonse, WHO, limafalitsa mndandanda wa maina a mankhwala kuti dokotala wa ku Lusaka, wa ku Delhi ndi wa ku London azichula cinthu cimodzi ndi dzina limodzi. M'mainawo muli ciwongo, monga ife tili ndi a Phiri, a Banda ndi a Tembo. Mankhwala a khansa ocokera ku duwa lija ciwongo cawo ndi vin: pali vincristine, pali vinblastine, pali vinorelbine. Koma a Phiri onse si munthu mmodzi. Vinblastine imaperekedwa yoculuka kangapo kuposa vincristine, ndipo vuto lake lalikulu ndi kucepetsa magazi, pamene vincristine vuto lake lalikulu lili m'mitsempha ya ubongo yopita kumanja ndi kumapazi. Kusinthanitsa ziwirizi kunavulazapo odwala m'maiko ena, n'cifukwa cake zipatala zambiri zimalemba vinCRIStine ndi vinBLAStine, zilembo zapakati zikulu, kuti diso lotopa lisasoceretsedwe.

Pali dzina linanso limene mungaone pakabokosi kapena m'mapepala: Oncovin. Limeneli ndi dzina la malonda limene kampani ya Eli Lilly ya ku America inapereka. Onco ndi mawu a Cigiriki onena cotupa, vin ndi duwa lija. Alimi izi sitizizwa nazo. Tikapita kusitolo ya zaulimi timapeza mankhwala ophera udzu a maina ambirimbiri ndi zithunzi zosiyanasiyana, koma wocenjera amawerenga timalembo tating'ono n'kuona kuti m'kati mwa ambiri a iwo muli glyphosate. N'cimodzimodzi apa. Kabotolo kangacokere ku India kapena ku Ulaya, dzina lofunika kusunga ndi vincristine. Odwala khansa ya lymphoma amamva anamwino akuchula CHOP, ena n'kumaganiza kuti akukamba zodula. Ayi, ndi zilembo zoyamba za mankhwala anayi operekedwa pamodzi, ndipo O ameneyo ndi Oncovin, ndiye kuti vincristine yemweyo.

Mbiri ya mankhwalawa ndi imene imasokoneza anthu, conco tiifotokoze bwino. Pacisumbu ca Jamaica anthu ankaphika masamba a duwali n'kumamwa ngati tiyi, pokhulupirira kuti amatsitsa shuga. Mu 1952 masamba ocepa anatumizidwa ku Canada, ndipo anafika m'manja mwa Dr Robert Noble pa yunivesite ya Western Ontario. Iye anayesa madzi a masambawo pa makoswe. Shuga sanatsike monga ankayembekezera. Cimene anaona n'cakuti makoswe obayidwa madziwo ankatha maselo oyera a m'magazi, amene ndi asilikali a thupi, ndipo ankafa ndi matenda. Apa m'pamene nzeru inabwera: ngati m'masambamu muli kanthu kopha maselo oyera, mwina kangathandize pa khansa ya m'magazi, imene ndi kuculukana kwa maselo oyera oipa. Mu 1958 Noble ndi mnzake Charles Beer anapatula vinblastine. Akatswiri a Eli Lilly anapatula vincristine, ndipo mu 1963 boma la America linavomereza kuti igwiritsidwe nchito. Nthawi imeneyo mwana wodwala khansa ya m'magazi yochedwa ALL ankangoyembekezera imfa. Lero m'maiko olemera ana pafupifupi 9 pa 10 alionse amacira, ndipo vincristine ikali m'gulu la mankhwala amene amawaciza.

Tinene mwapambali kuti Madagascar, kwawo kwa duwali, sanapindule kwenikweni ndi ndalama zimene makampani anapeza. Nkhani imeneyi imachulidwa kawirikawiri pokamba za pangano la ku Nagoya la mu 2010, lonena kuti maiko ndi anthu amene zomera zawo zatengedwa azigawiridwako phindu. Ife amene timadziwa mitengo ya m'mapiri a kuno tiyenera kuikumbukira mlendo akabwera kudzafunsa maina a mizu.

Tsopano ngozi ya kudziwa theka. Masiku ano pa WhatsApp pamayenda mauthenga oonetsa cithunzi ca duwa lija, ndi mawu akuti azungu akutibisira, mankhwala a khansa ali pakhomo pathu, ingophikani masamba mumwe m'mawa ndi madzulo. Munthu amene wagulitsa mbuzi ziwiri kuti apeze ya basi akamva zimenezi, mtima umagunda. Ulendo wocoka kuno kukafika ku Cancer Diseases Hospital, pafupi ndi UTH, ndi wa makilomita oposa 150 kwa ambiri a ife, ndipo wa kwa Shikabeta ayenera kuyamba wafika pa msewu wa Great East. Ndani sangakonde kuthyola masamba kuseri kwa nyumba? Sitikum'seka munthu wotere. Koma uthengawo ndi bodza losakanizidwa ndi coona pang'ono, ndipo bodza lotere ndilo limapha.

Vincristine imene ili m'masambawo ndi yocepa kwambiri, kotero kuti pamafunika makilogalamu mazana angapo a masamba ouma, matumba ndi matumba, kuti mufakitale apeze galamu imodzi cabe. Ndipo galamu imodziyo ingakwanire anthu akulu 500, cifukwa munthu wamkulu nthawi zambiri sapatsidwa kupitirira mamiligalamu 2 pa ulendo umodzi. Kambewu kamodzi ka mpunga n'kolemera kuposa pamenepo kakhumi. Mwana amam'pima sikelo ndi msinkhu kuti apeze mlingo wake weniweni. Kodi mphika wa pamafuwa ungapime zimenezi? Komanso m'duwali muli mankhwala ena oposa 100 amene sali vincristine, ena a iwo ndi poizoni wa m'mimba, wa ciwindi ndi wa mitsempha. Ndipo ngakhale vincristine yeniyeni siimwedwa, cifukwa m'matumbo siilowa bwino m'magazi. Palibe mapiritsi ake. Tonse timalima mpendadzuwa ndipo timadziwa kuti saladi amacokera kumeneko, koma palibe mayi amene amathira masamba a mpendadzuwa m'ndiwo n'kunena kuti wathira saladi. Cinangwa cowawa ndi cakudya, koma wocidya cosaviika amagona kumanda. Dzina la vincristine likutiuza kumene mankhwala anacokera, silikutilola kuphika masamba. Kumbukiraninso kuti a ku Jamaica aja ankamwa tiyi wawo pofuna shuga, osati khansa, ndipo cimene madzi a masambawo anacita pa makoswe cinali kuwapha.

Pa cifukwa comweco, wina akakuonetsani kabotolo pamsika kapena m'basi n'kunena kuti ndi vincristine yocoka kucipatala, musagule. Mankhwalawa ndi madzi oyera ngati a m'citsime, amasungidwa m'firiji pa madigiri 2 mpaka 8, kutali ndi kuwala. Amene akhala m'thumba la jekete pa dzuwa la Okutobala, ngakhale atakhala enieni, ndi owonongeka. Za ogulitsa otere uzani a cipatala kapena a ZAMRA, bungwe la boma loyang'anira mankhwala.

Mmene mankhwalawa amagwirira nchito m'thupi si zovuta kumva. Thupi limamangidwa ndi tizigawo ting'onoting'ono tochedwa maselo, ndipo khansa ndi maselo amene amangogawikana osaleka. Selo likafuna kugawikana limaluka tizingwe m'kati mwake tokokera katundu wake mbali ziwiri, monga mmene abale awiri amagawanira zinthu pocoka pakhomo. Vincristine imaletsa tizingweto kulukika. Selo limaima pakati pa njira, silingapitirize, silingabwerere, ndipo limafa. Vuto n'lakuti mitsempha ya ubongo imagwiritsanso nchito tizingwe tomweto ponyamula zofunika kucoka kumsana kufika kunsonga za zala. N'cifukwa cake wolandira mankhwalawa amamva dzanzi kapena kubayabaya m'zala ndi m'mapazi, mwana amayamba kukoka phazi kapena kupunthwa, ena amamva kuwawa m'nsagwada, ndipo ambiri amadzimbidwa masiku angapo. Tsitsi nalonso limathothoka, koma limameranso. Zizindikiro zimenezi kumudzi timazipatsa matanthauzo ena. Mwana akayamba kukoka phazi, pabanja pamabuka nkhani yakuti waponda mankhwala panjira, amalume akuloza azakhali, ndipo mwana amacotsedwa kucipatala kupita kwa woombeza. Mayi amene akudziwa dzina la vincristine ndi khalidwe lake sangapusitsidwe conco. Adzauza dokotala pa ulendo wotsatira, ndipo dokotala angacepetse mlingo kapena kudumphitsa ulendo umodzi kuti mitsempha ipume.

Pali lamulo limodzi pa mankhwalawa limene kholo lililonse liyenera kulidziwa ngati dzina la mwana wake. Vincristine imalowa mumtsempha wa magazi basi. Ikadontha kunja kwa mtsempha imatentha mnofu n'kusiya cilonda, conco mwana akalira kuti pamkono pakuocha pamene dilipi ikuyenda, itanani anamwino nthawi yomweyo, musayembekeze kuti ithe. Coopsa kwambiri n'cakuti ikabayidwa kumsana munthu amafa, ndipo opulumuka ndi owerengeka. Cifukwa cake izi zimacitika n'cakuti ana odwala khansa ya m'magazi kapena lymphoma amalandiranso mankhwala ena, methotrexate, amene amabayidwadi kumsana, ndipo masirinji awiri akaikidwa patebulo limodzi munthu angasokoneze. Mu 2001 mumzinda wa Nottingham ku England mnyamata wa zaka 18, amene khansa yake inali itagonja kale, anafa cifukwa ca kulakwitsa kumeneku. Mu 2007 WHO inacenjeza zipatala za dziko lonse kuti vincristine izisungunulidwa m'kathumba ka dilipi, osati kukonzedwa m'sirinji, kuti pasakhale njira yoibayira kumsana. Ngati zinacitika ku England kumene kuli zipangizo zonse, ndiye kuti diso limodzi loonjezera silingakhale loipa kulikonse. Kufunsa mwaulemu kuti, "Anamwino, awa ndi mankhwala ati, ndipo akulowa pati?" si mwano. Safunsa anadya phula.

Dzinali limagwiranso nchito mukabwerera kumudzi. Mankhwala a khansa operekedwa pamodzi amagwetsa asilikali a thupi, ndipo mwana amene walandira mlungu wathawu akatentha thupi, imeneyo ndi ngozi ya tsiku lomwelo, si ya mawa. Mukathamangira ku St Luke's pa Mpanshya kapena kukiliniki ya pafupi, ogwira nchito kumeneko afunika kudziwa mankhwala amene mwana analandira ndi tsiku lake. "A m'dilipi" sawathandiza. Palinso mankhwala ena, monga itraconazole wa matenda a mafangasi ndi mitundu ina ya ma ARV, amene amacititsa vincristine kukhalitsa m'thupi ndi kuvulaza mitsempha koposa. Amene akukulemberani mankhwala sangapewe zimenezi ngati simunamuuze.

Matenda amene vincristine imalimbana nawo si acilendo kuno. Cotupa ca m'cibwano ca ana cinafotokozedwa ndi Dr Denis Burkitt ku Uganda mu 1958, ndipo mu 1961 iye anayenda ulendo wautali wofufuza m'zipatala za maiko ambiri, kuphatikizapo dziko lathu pamene linkachedwa Northern Rhodesia. Zinadziwika kuti cotupaci cimakonda madera a malungo ambiri, ndipo zigwa za Lunsemfwa ndi Luangwa tonse tikuzidziwa. Mu 1984 Dr Anne Bayley wa ku UTH analemba za mtundu woopsa wa Kaposi umene unayamba kuoneka mwa acinyamata a ku Lusaka, ndipo unali umodzi mwa maumboni oyamba a Edzi m'Zambia. Kwa zaka zambiri odwala Kaposi ankalandira vincristine pamodzi ndi bleomycin. Kafukufuku wofalitsidwa mu 2020, wocitika m'maiko a mu Africa ndi ku Brazil, anaonetsa kuti paclitaxel pamodzi ndi ma ARV imathandiza kuposa pamenepo pa Kaposi yofalikira. Conco ngati dokotala wakusinthirani dzina la mankhwala, si ndiye kuti akukumanani zabwino.

Koma cimene cimatipweteka mtima kwambiri si dzina lovuta kuchula, ndi ulendo wosiyidwa panjira. Mwana wa cotupa ca impso amapatsidwa vincristine ndi actinomycin D kwa milungu inayi asanacitidwe opaleshoni, ndipo mimba imene inali yotupa imaphwa mooneka. Cotupa ca m'cibwano naco cimacepa m'masiku owerengeka. Bambo akaona conco, mvula yagwa, udzu wamera m'cimanga, ana ena ali okha kumudzi, amati mwana wacira, tiyeni kwathu. Pakapita miyezi iwiri kapena itatu cotupa cimabwerera, ndipo nthawi imeneyi sicimveranso mankhwala monga poyamba. Khansa ya m'magazi imafuna cithandizo ca zaka ziwiri kapena kuposerapo. WHO imanena kuti m'maiko olemera ana oposa 80 pa 100 odwala khansa amacira, pamene m'maiko ambiri osauka safika 30 pa 100, ndipo zifukwa zake ndi kufika mocedwa, kusowa kwa mankhwala ndi kuleka panjira. Mu 2018 bungweli linaika colinga cakuti pofika 2030 ana 60 pa 100 azicira kulikonse. Mu 2025 linayamba, mogwirizana ndi cipatala ca St. Jude ca ku America, kutumiza mankhwala a khansa ya ana kwaulere ku maiko asanu ndi limodzi oyambirira, ndipo Zambia inali pa mndandandawo. Zimenezi n'zabwino, koma mankhwala sakwera basi kubwera kwa Bunda Bunda. Mwana ndiye ayenera kupita kumene kuli firiji ndi anamwino odziwa.

Apa m'pamene ife a m'maparishi ndi m'magulu a alimi tiyenera kudzifunsa. Maliro akagwa timasonkha ufa, nkhuni ndi ndalama za bokosi usiku umodzi wokha. Mwana akakhala ndi tsiku lobwerera ku Lusaka, banja limasiyidwa lokha ndi mbuzi yake yomaliza. Ife tikupempha kuti gulu lililonse la akhristu ndi kopaletivu iliyonse ikhale ndi kathumba ka ndalama za basi za odwala otere, ndipo m'nyengo yopalira amuna ndi akazi apite tsiku limodzi m'munda wa banja limene lili kucipatala. Bambo amene akudziwa kuti cimanga cake capaliridwa sangathawitse mwana pabedi. Aphunzitsi ndi akatekisiti, amene amaona ana ambiri, akhale maso pa mwana amene cibwano kapena mimba ikutupa msanga, amene m'diso mukuoneka kadontho koyera, kapena amene wayezuka, akutuluka magazi m'mphuno kawirikawiri ndipo malungo ake sakumva mankhwala. Otere atumizidwe kucipatala mlungu womwewo.

Kwa a zaumoyo pempho lathu ndi laling'ono. Tikudziwa kuti odwala ndi ambiri ndipo manja ndi ocepa. Koma musaganize kuti mlimi sangasunge dzina la Cizungu. Amene amachula cypermethrin popopera thonje angachulenso vincristine. Lembani maina a mankhwala ndi masiku ake pakapepala m'zilembo zazikulu, muchule kawiri kuti kholo libwereze, ndipo munene m'Cinyanja kapena m'Cisoli zimene liyenera kuyembekezera: dzanzi, kudzimbidwa, kuthothoka tsitsi, ndi kutentha thupi kumene sikuyenera kugonetsedwa. Inu makolo, kapepalako kasungeni m'pulasitiki pamodzi ndi kadi la kucipatala, ndipo mwana wa sukulu wa pakhomo akopere mainawo m'kope lina kuopa kutaya. Agogo aja a "Kristina" tinawalembera dzina lenileni kuseri kwa tikiti ya basi, ndipo pamene tinkafika pa Chinyunyu anali atalichula bwino katatu.